Mkono wa Florian Wosasunga Chinsinsi

Ana a masiku ano akamamuona Florian Dubek m'magazini, atavala chijasi chaubweya, chindudu chili pakamwa, atatsamira galimoto yaitali ku California uko, amayesa munthuyo anabadwa choncho. Bodza. Ife a ku Fort Lee tinamuona tsiku limene anatsika pantoni, buluku litathera pamwamba pa akakolo, fungo la adyo litatsogola kale kukamufunira malo ogona. Ndipo musamvere olemba nyuzi amene amati anakwera chifukwa cha nzeru. Nzeru anali nazo zongokwanira kuwolokera msewu. Chinamukweza ndi mkono wake wamanja, mkono wamiseche kuposa ine amene.

Bambo ake, a Dubek akuluakulu, anali ndi kabutchala kutsidya ku New York, kogulitsa soseji kwa aSlovak anzawo. Florian anakulira pachigayo cha nyama chopukusa pamanja. Mkuluyo ankati ukapukusa mothamanga nyama imatentha, mafuta n'kusungunuka, soseji n'kutuluka ngati phala. Ukapukusa mwaulesi imatuluka yazingwezingwe. Ndiye anali ndi kanyimbo kakwawo ka m'mphuno, kopanda mawu, kotopetsa ngati kulira kwa chitseko. Bambo aziimba, mwana azipukusa motsata. Akaphonya, mbama. Mmene Florian ankamera ndevu n'kuti mkonowo utaloweza kanyimboko, moti ukanatha kupukusa wokha mwini wake ali kutchalitchi.

A Thaddeus Lathrop, eni kampani yathu ya kanema, anamupeza pomwepo. Iwo anali munthu woti akhoza kuwoloka mtsinje wa Hudson chifukwa chongomva kuti kutsidya soseji yatsika mtengo. Ali pamzere, anauyang'ana mkonowo, kuuyang'ananso, mpaka anthu anayamba kuwadutsa.

"Mnyamata iwe," anatero, "mkono umenewo ukuuwonongera nkhumba zakufa. Mawa uwoloke."

Ndikumbutse pang'ono, poti masiku ano kamera zili ndi injini ndipo wojambula amangoima manja m'thumba ngati kapitawo. Nthawi imeneyo kamera inali bokosi lamatabwa pamiyendo itatu, chopukusira chili m'mbali. Ndipo bokosilo linali lachipongwe, linkachita zotsutsana ndi mkono. Ukapukusa pang'onopang'ono, pansalu yoonetsera anthu ankathamanga ngati nyerere zothiridwa madzi otentha. Ukapukusa mothamanga, ankayenda ngati akuwoloka dziwe la uchi. Wojambula weniweni anali woti kaya nyumba igwe, kaya mfuti zilire, mkono wake osasintha. Wotere makampani ankamulimbirana. Koma mbiri ikangomveka kuti uje mkono waola, basi, ngakhale ganyu yonyamula miyendo ya kamera sakanaipeza.

Tsiku loyamba anyamata anamuseka. Wojambula amene analipo anamupatsa bokosi lopanda filimu kuti ayese, n'kumamuopseza kumbuyo, wina kuphulitsa thumba lapepala, wina kumugwetsera chitini kumapazi. Florian anangoyamba kanyimbo ka nkhumba kaja, maso kutsogolo. Atatopa okha anamufunsa ngati ali wogontha. Iye anati ayi, kungoti pamenepa palibe amene akumenya ngati bambo ake.

Anatembenuza kapu ya kumutu monga ojambula onse ankachitira kuti mlomo wake usagunde bokosi, ndipo pasanathe zaka zingati anali wojambula wamkulu wa a Lathrop, ali ndi kamera yakeyake. Anaphunziranso zina: kutchera dzuwa ndi nsalu zoyera pansi pa denga lagalasi la nyumba yathu yojambuliramo, mmene chilimwe tinkapsa ngati mbatata, kubisa chibwano chachiwiri cha mayi wonenepa, kudziwiratu mtambo umene ukubwera kudzawononga tsiku. Koma chomwe anatchuka nacho ndi mkono. Tsiku lina tinabwereka mkango wokalama kwa anthu a masewera a m'matenti. Mkangowo unakankha chitseko cha khola n'kutuluka. Tonse tinakwera chilichonse chokwereka, a Lathrop ali pamwamba pa piyano. Unapita molunjika kwa Florian n'kuyamba kumununkhiza m'matumba, poti fungo la butchala linali lisanamuchoke. Iye anangopitiriza, ng'ung'ung'u m'mphuno. Filimu itatsukidwa, mphuno ya mkango inkayandikira bwinobwino, osafulumira, osachedwa. Kuyambira pamenepo anyamata anamutcha Wotchi.

Zimenezi ndikuzidziwa chifukwa ndinali m'chipinda cholumikizira filimu, ine ndi atsikana anzanga, lumo kumanja, guluu kumanzere. Chilichonse chojambulidwa chinkadutsa m'zala zathu, ndipo zosajambulidwa zinkadutsa m'makutu mwathu.

Chimene chinkatidyetsa tonse chinali sewero la mlungu ndi mlungu, mmene mayi Vivienne Delacourt ankatsala pang'ono kufa Loweruka lililonse, anthu n'kubweranso Loweruka linalo kudzaona ngati afadi. Dzina lawo la ubatizo linali Bertha Klopp, koma mukanalitchula pamaso pawo mukanagona ndi njala. Mayiwa pansalu ankalimbana ndi achifwamba pamwamba pa sitima. Kunja ankakuwa akaona nkhuku. Choncho podumpha, pogwa, pokokedwa ndi hatchi, pankalowa munthu wina atavala diresi lawo ndi tsitsi logula lagolide. Woyamba anali mwamuna wina wa ku Ireland wamiyendo yaubweya, mpaka anathyoka chiuno. M'malo mwake munabwera Odessa Pruitt.

Odessa anali wa ku Kentucky, wokulira m'matenti a masewera, woima pamsana pa hatchi yothamanga ngati waima pakhonde. Tsitsi lakuda, mphuno inathyokapo n'kupola mokhota, pakamwa pakuthwa kuposa lumo langa. Lamulo la ntchito yake linali limodzi: nkhope isaoneke. Ndipo sizinkavuta, chifukwa munthu akamagwa paliwiro lake lenileni, diso limangoona diresi ndi tsitsi, fyuu, wafika.

Lolemba lina tinali m'kachipinda kamdima koonera zojambulidwa, a Lathrop kutsogolo ndi ndodo yawo. Pansalu a Vivienne akuthawa pangolo, zonse bwino. Pofika podumpha, mtsikana wa diresi uja ananyamuka pangolo n'kuyamba kuyandama ngati nthenga, osafuna kutera. Ndi mphuno yokhota ija inasuzumira pang'ono.

"Mulcahy!" anakuwa a Lathrop kwa mkulu wopukusa makina oonetsera, poti nawonso anali apamanja. "Wagona?"

"Ndili maso, bwana. Zili pafilimupo."

Anamasula kamera ya Florian, kachitsulo kalikonse anakathira mafuta, sanapeze kanthu. Mlungu wotsatira, zomwezo. A Vivienne akamalira pawindo, Wotchi ndi wotchi. Odessa akangolowa, dziko lonse m'uchi.

Ife kuchipinda kwathu tinali titadziwa kale. Kukomoka kwa a Vivienne kunkadya filimu yongokwana kumangira phukusi. Odessa kulumpha kampanda kunkadya yoti n'kuyanikapo zovala za banja lonse. Filimu yochuluka chotero ndiye kuti mkono ukuthamanga. Nanga mkono wa munthu wosaopa mkango ungathamangitsidwe ndi chiyani?

Zitachitikanso, a Lathrop anayatsa nyali n'kutembenuka.

"Dubek, tandiuza. Kamera ilibe nthenda. Filimu ilibe nthenda. Mulcahy sanamwe, ndamununkhiza ndekha. Ndiye chikudwala n'chiyani?"

Kumbuyo wina, sindinena kuti ndani, anayankha mwaulemu ndithu kuti, "Mtima, bwana."

Chipinda chinaphulika. Akalipentala ankamenya mabenchi, a Mulcahy akupukuta misozi. Odessa anali pakona, miyendo pampando, akudya apozi. Anadikira phokoso lichepe.

"A Dubek," anatero, "ine ndikadumpha ndimafuna ndikafike pansi msanga, ndikamwe khofi. Nanga inu bwanji mukundiyanika m'mwamba ngati kabudula wochapa?"

Florian anafiira mpaka makutu. Anatsegula pakamwa, koma chinatuluka ndi kanyimbo ka nkhumba kaja basi.

Kuyambira tsiku limenelo analibe mtendere. Akamadutsa pabwalo, akalipentala ankayamba kukhoma misomali pang'onopang'ono, nyundo ikuyandama m'mwamba. Kumalo odyera woperekera ankamubweretsera msuzi akuyenda ngati ali m'matope, n'kumufunsa kuti, "Achimwene, ndakongola eti?" Ndipo aliyense anasanduka sing'anga. Ena anati azimwa kabotolo asanajambule. Anamwa, mkono unathamanga chimodzimodzi, kungoti tsopano kamera inaloza kumtengo. Wina anati azitsinzina diso limodzi, kuiwala kuti wojambula amatsinzina kale. Anapita kwa wansembe, wansembe anati kukonda si tchimo, koma kuwononga filimu ya abwana mwina. Ine ndinamupatsa malangizo aulere.

"Achimwene, ingomufunsirani. Akakukanani mtima uzizira. Akakulolani uziziranso, kungoti mochedwerapo. Funsani aliyense wapabanja."

"A Philomena, ndikamuyandikira mawu amathawa."

"Ndiye muzingofa choncho, mkono ukukuululani m'maholo onse a kanema a dziko lino."

Sewerolo linali kufika kumapeto, ndipo a Lathrop anakonza chinthu chachikulu. Kumtunda, kumene kale ankaswa miyala, kunali chidzenje chakuya chodzaza madzi obiriwira. M'mphepete mwake akalipentala anamanga nsanja yamatabwa yaitali kuposa tchalitchi. Nkhani yake inali yakuti achifwamba atsekera mkwatibwi pamwamba, ayatsa moto pansi, mkwatibwi adumphira m'madzi. Nsanja imodzi, moto umodzi. Ikapsa yapsa, palibe zobwereza.

A Lathrop anamuitana Florian pamaso pa tonse, kuti pakhale mboni.

"Tamvera, Wotchi. Anthu akhala akulipira chaka chonse kuti aone Vivienne Delacourt akudumpha. Mphuno ya mtsikana uja ikaonekanso pansalu, ubwerera ku nkhumba zako. Ndipo ndidzayenda ndekha khomo ndi khomo m'tauni muno, kuuza makampani onse kuti mkono wako waola."

"Bwana, ikani wojambula wachiwiri pambali panga. Mwina ine..."

"Kamera ziwiri zimadya kawiri. Ine ndimalipira iwe."

M'mawa wa tsikulo tauni yonse inakwera kumtunda, ena ndi madengu a chakudya ngati kuli mpira. Ife tinatseka chipinda n'kupita, nanga tikanatsala? A Vivienne anajambulidwa kaye ali pakakhonde kotsika ngati tebulo, akupotokola manja, kenaka anakakhala pamthunzi. Odessa anatulukira atavala diresi laukwati, velo, tsitsi logula, kunsi nsapato zake zokwerera hatchi. Anaima pafupi ndi kamera. Ine ndinali pomwepo, mwangozi.

"A Dubek, mundimvere. Musayang'ane ine. Yang'anani diresili. Ndi la Bertha Klopp, ndipo likununkha Bertha Klopp. Muziganiza kuti akugwa ndi iyeyo."

"Ndayesapo, chemwali."

"Ndiye?"

"Diresilo ndimaliona likupuma. Ndimadziwa amene akupuma m'katimo."

Odessa, amene sankasowa choyankha ngakhale kwa wapolisi, anangokonza tsitsi logula lija n'kunena kuti, "Zopusa." Anakwera makwerero osacheuka.

Anayatsa. Mphepo inali itatembenuka, moto unakwera nsanja msanga kuposa mmene anapanganira. Florian diso pagalasi, kanyimbo m'mphuno, mkono uli bwinobwino. Ndinkaimva ndekha kamera ikulira mofatsa, tcheke, tcheke, tcheke. Odessa pamwamba ankadikira kuti a Lathrop agwetse mpango, chizindikiro chodumphira. A Lathrop osagwetsa. Ankafuna malawi akule, poti palafini anagula okha.

"Bwana, gwetsani!" akalipentala akukuwa.

"Pang'ono! Pang'ononso!"

Lawi linanyambita nsonga ya velo. Odessa sanadikirenso mpango wa munthu. Anatambasula manja n'kudziponya.

Kanyimbo kanaduka. Kamera ija inalira ngati mphaka wopondedwa mchira. Mkono sunkaoneka n'komwe, kumangoti ngati akusakaniza mazira. Koma ndimupatse ulemu wake: diso sanalichotse, dzanja lamanzere linkaweramitsa bokosi kumutsatira mtsikanayo kuchokera kumwamba mpaka m'madzi, ndipo anapukusabe mpaka mutu wakuda unatumphuka. Apo m'pamene anasiya kamera n'kudziponya m'dziwe kukamupulumutsa, ataiwala kuti kusambira sadziwa. Odessa anamukokera kumtunda atamugwira kolala, diresi laukwati likuchucha madzi, anthu akuwomba m'manja poyesa ndi mbali ya sewero.

Tsiku loonera, m'kachipinda muja munalibe ndi wotsokomola yemwe. Pansalu mtsikana anachoka pansanja pang'onopang'ono ngati akutsika m'maloto. Diresi linafutukuka. Velo yoyaka ija inatsalira m'mwamba, tinthethe tamoto tikumuzungulira. Tsitsi logula linanyamuka lokha n'kupita ulendo wake, lakuda lija n'kumasuka. Ndipo nkhope, mayo ine, nkhope yonse poyera, mphuno yokhota, maso otsegula, mtsikanayo akuseka. Ife amene tinali pansi tsiku lija sitinaone kuti ankaseka. Anaona ndi Florian yekha.

A Vivienne anakomoka, ulendo uno zenizeni, ndipo sanakomoke mokongola ngati pansalu. A Lathrop anathyola ndodo yawo pampando.

"Tenga bokosi lako. Pantoni ya masana isakusiye."

Anatilamula tidulemo tizidutswa kuti kugwako kufulumire. Tinayesa, mtsikana anayamba kudumphadumpha m'mwamba ngati chule. Nsanja inali phulusa, ndipo Loweruka silidikira munthu. Ndiye a Lathrop anatumiza mawu kwa onse opukusa makina oonetsera m'maholo a kanema, kuti akafika pamenepo apukuse mwamphamvu, chidutse msanga anthu asanaone nkhope. A Mulcahy, amene Loweruka ankagwira ganyu m'holo ya m'tauni mwathu, anauzidwa pamaso, chala chili pamphuno.

Florian anawoloka, kamera paphewa. Ndinamva kuti bambo ake anangomuyang'ana n'kunena kuti, "Wabwera? Samba m'manja." A Lathrop nawo anasunga lonjezo. Anayendadi khomo ndi khomo, ndodo yatsopano m'manja, ndipo pofika madzulo ngakhale ana osewera mumsewu ankadziwa kuti Wotchi yafa.

Loweruka masana holo inadzaza, ana pansi, amayi ndi makanda, amuna ochokera kufakitale asanasambe. Woimba piyano akumenya zamoto. Pansalu nsanja ikuyaka. Mtsikana anatambasula manja. Ife tinadikira kuti a Mulcahy afulumize. Sanafulumize. Piyano inasiya yokha. Holo yonse zii, wogulitsa mtedza kukamwa kuli yasa. Mtsikana akutsika, akutsika, akuseka. Atalowa m'madzi, mayi wina kutsogolo anaimirira n'kukuwa kuti, "Ameneyo si Vivienne! Ndani ameneyo?"

Ndinati basi, zatha. Koma mayiwo anali asanamalize.

"Bwezani timuonenso!"

Mapazi anayamba kugunda pansi. Bwezani! Bwezani! A Mulcahy anabweza, n'kubwezanso, mpaka mwini holo anaopa kuti filimu ipsa. A Lathrop atakwera kukawagwira pakhosi, iwo anangoti, "Bwana, ndinaiwala kuti ndili ndi mkono."

Sanaiwale okha. M'matauni ena opukusa ambiri anachita chimodzimodzi, ndipo kumene anamvera a Lathrop, anthu atamva kwa anzawo anabwerera kukavuta kuti aonetsedwe bwino. Lolemba lamya ya kuofesi sinapume. Eni maholo ankafunsa chinthu chimodzi: mtsikana wouluka uja abweranso liti? Makampani omwe aja anauzidwa kuti mkono waola anayamba kufunsa monong'ona kuti butchala ya a Dubek ili mumsewu uti.

A Lathrop anakwera pantoni. Ine tsiku lomwelo ndinagwidwa ndi nkhuli ya soseji, ndiye ndinakwera yomweyo. Tinapeza mzere, Florian ali pachigayo ndi epuloni yamagazi, ndipo pamgolo wa kabichi wowawasa pali Odessa Pruitt, miyendo ikulendewera, akudya soseji ndi buledi. Akuti ankabwera tsiku lililonse chichotsedwere mnzakeyo, ndipo bambo ake a Florian anali atayamba kudandaula kuti nyama ikutuluka yachilendo.

A Lathrop anafuna kudutsa mzere. A Dubek akuluakulu analoza ndi chimpeni. "Kumbuyo, bambo. Muno mulibe bwana."

Anaimadi kumbuyo, pakati pa agogo ovala mipango. Atafika kutsogolo anavula chipewa.

"Florian, mwana wanga..."

"Dzana anali wotchi yakufa," anatero Odessa. "Lero mwamubereka?"

"Tinalankhula mopsa mtima. Bwerera kuntchito."

Florian anali atayamba kale kumasula epuloni, paja ndanena za nzeru zake, koma Odessa anatsika pamgolo n'kumuponda phazi.

"Abwera. Koma dzina lake lizilembedwa pansalu koyambirira, anthu aziliwerenga: wojambula, Florian Dubek. Langanso lilembedwe, ndipo tsitsi la akufa lija sindivalanso. Komanso makomo onse munayenda aja muyendenso, mukanene kuti mkonowo mwaununkhiza nokha, uli bwinobwino."

"Dzina la wopukusa pansalu? Mawa mudzafuna ndi la hatchi lomwe!"

"Hatchiyo ndi Major, ngati malo alipo."

A Lathrop anacheukira kukhomo. Kumeneko kunali kutaima munthu wa kampani ina, chipewa m'manja, akunamizira kusirira mutu wa nkhumba. Anavomera zonse. Anagulanso soseji pamtengo wake wonse, poti mkuluyo anakana kuchotsera. Mawa lake tinawaona akuyendanso khomo ndi khomo, ndipo ife tinatsegula mawindo onse kuti tipume kamphepo.

Akatswiri amati zopukusa mothamanga dalazo sanayambitse ndi Florian, ena ankazidziwa kale. Zoona, sindikutsutsa. Koma anthu a kwathu kuno anali asanaonepo nkhope ya munthu ali pakati pa thambo ndi madzi, mpaka mwana wa wogulitsa soseji atachita mantha.

Vuto linabwera pamene a Vivienne anafuna nawo kuyandama. Anavala silika, anatsika masitepe akugwedeza tsitsi. Wotchi ndi wotchi. Anakweranso, anatsikanso. Chimodzimodzi. Florian akati afulumize dala, mkono woleredwa ndi mbama uja unkabwerera wokha ku kanyimbo. Mayiwo analira kuti akunyozedwa. Anakonza zinthu ndi Odessa. Anaimika makwerero kumbuyo, kunja kwa chithunzi koma poti Florian akatsegula diso lotsinzina lija amuone, anakwera pamwamba penipeni n'kuima ndi mwendo umodzi, akugwedezeka dala. Pomwepo a Vivienne anayandama ngati mngelo. Mpaka lero amauza olemba nyuzi kuti a Dubek ankanjenjemera ndi kukongola kwawo.

Anakwatirana chilimwe chomwecho. Anafunsira ndi Odessa, poti tikanadikira Florian bwenzi tikudikirabe. Ine ndinauza atsikana kuti basi, mkono uzizira tsopano, makwerero asowa ntchito. Makwererowo anapita nawo ku California pamene makampani anasamukira kodzuwa, n'kutisiyira nyumba zamagalasi zogonamo nkhunda. Kumeneko patapita zaka anaphunzira kuulamula mkono, anajambula nkhondo, nyanja, mafumu onama, dzina lake likukulirakulira pansalu. Kenaka kunabwera mafilimu olankhula, kamera anaziika injini, kanyimbo ka m'mphuno kanaletsedwa poti kankamveka. Tsopano aliyense amangopotoza kachitsulo, munthu n'kuyandama. Koma akafuna kuti kuyandamako kugwire anthu pakhosi, amaitanabe Dubek kuti adzaloze poimika bokosi.

Chaka chatha ndinakawachezera. Tikiti ya sitima anatumiza ndi Odessa. Nyumba yake yoti munthu n'kusochera pofuna madzi akumwa. Koma m'khitchini, pakati pa zitsulo zonyezimira, pali chigayo chakale cha a Dubek akuluakulu, amene anatisiya kalekale. Lamlungu lililonse Florian amavula chijasi, kuvala epuloni, n'kupukusa yekha, imvi zili mbuu, ng'ung'ung'u m'mphuno. Ndinakhala pambali ndikuona nyama ikutuluka bwinobwino, osafulumira, osachedwa. Kenaka Odessa analowa kudzatenga mchere, akutsimphina ndi bondo limene hatchi zinamusiyira, atanenepa ngati ine ndemwe. Chigayo chinasintha kulira.

Soseji ya tsiku limenelo inali phala lokhalokha. Ine ndinaikankhira m'mphepete mwa mbale.

"Mumadya zimenezi Lamlungu lililonse?" ndinafunsa.

"Lililonse," anatero Odessa, akudzigawira ina. "Tsiku idzatuluke yabwino ine ndili m'khitchini muno, Philomena, udzangomva kuti ndalongedza."